Anafunsira Mbeta Dziko Likuonera

Ningning anakumana ndi Renzo pa siteji ya maminibasi otchedwa jipini ku Cubao, mvula ikukhuthuka. Mnyamatayo ankalankhula ndi foni yomwe anaikweza pa kandodo, kenako anailozetsa kwa iye.

"Anzanga, taonani zomwe mvula yandigwetsera! Dzina ndani, chiphadzuwa?"

Ningning anabisa nkhope. Oonera pa intaneti anatumiza timitima tambirimbiri, ndipo Renzo anaona timitimato asanaone n'komwe maso a mtsikanayo.

Chikondi chinayaka. Renzo ankaulutsa chilichonse, akamadya pansiti, akamakangana, ngakhale akamapepesana. Ningning akadandaula, uthenga unkalowa: "Kamtima kanga, kamera ndi ntchito chabe. Iwe ndiye mpweya wanga." Ndani akanakayika?

Ningning anapempha chinthu chimodzi chokha.

"Bambo anga usadzawaonetse. Chidwalireni sitiroko pakamwa panapotoka, ndipo satulukanso chifukwa cha manyazi."

"Ndikulumbira, wokondedwa. Lamlungu ndibwera ndi makolo anga kudzakufunsira mwamwambo, opanda foni."

Mang Isko, bambo ake a Ningning, anaphetsa nkhumba yawo. Anavala malaya omwe anakwatira nawo, ndipo sabata yonse anayeserera mawu awo pagalasi.

Alendo anafika ndi dengu la mango, Renzo n'kuliika patebulo. Ningning anagunditsa dzanja la apongozi pamphumi pake posonyeza ulemu. Mang Isko anaimirira movutika, malovu akutsikira kuchibwano.

"Mwana wangayu... mu... mumusamale."

Ningning analira ndi chimwemwe.

Popita kukatenga mpunga, anapeza makolo a Renzo akusuta kuseri kwa khitchini.

"Iwe, mawa uli kuti?" anafunsa mayiwo.

"Ku Pasig. Kumeneko ndine agogo akufa. Koma lero walira bwino, aise."

"Ndi anyezi."

Ningning anatulutsa foni yake. Anaitsegula, ndipo anaona chipinda chawo chochezera, chikujambulidwa kuchokera pakati pa mango. Nkhope ya bambo ake inadzaza foni yonse. Wina anali ataiduladula kale n'kuikamo kanyimbo, anthu akuseka m'mawu oyenderera pansi pake.

Anamukokera Renzo pakhomo.

"Unalumbira, Renzo. Ngakhale makolo ndi aganyu?"

"Enieni sadziwa kulira pa kamera. Sitinaonedwepo ndi anthu ochuluka chonchi, kamtima."

"Nanga ukwati?"

"Oonera avota Lachisanu, ndikukwatire kapena ndikusiye." Anamupukuta tsaya ndi chala, mwachikondi ndithu. "Misozi usaitayire pano. Kalirire pafupi ndi dengu."

Ningning anataya dengulo m'ngalande, alendo n'kuthawa ndi nyama m'manja. Koma chatuluka chatuluka. Kuseri kwa mpanda, anthu anali atayamba kale kuyerekeza: "Mu... mu... mumusamale!"

Atalowa m'nyumba, anapeza Mang Isko atakhala mowongoka m'malaya awo aukwati, akumwetulira ndi mbali imodzi ija.

"Ndalankhula bwino, eti mwanangu? Sindinakuchititse manyazi?"

Ningning anatseka mawindo onse.

"Mwalankhula bwino, bambo."