Alonda a Mlatho Wakupsa

Dzuwa linali litalowa kale pamene Meja Cargill anavomera kuonana ndi mayi amene anakhala pakhomo pa tenti yake chiyambire m'mawa, osadya, osamwa. Dzina lake anali Permelia Yocum. Mwamuna wake Elihu anali m'manja mwa asilikali a Kumpoto, m'tauni yakwawo ya Harlan's Mill, atamunamizira kuti amadyetsa zigawenga za Kummwera zobisala m'nkhalango za Missouri. Mlandu unali utagamulidwa kale: dzuwa likamatuluka, amuwombera.

"Mayi inu, mwandisowetsa mtendere," anatero Meja uku akulemba mothamanga. "Nayi kalata. Kaputeni Rudd akaiwerenga, mwamuna wanu safa. Koma woti akaipereke ndilibe. Adani ali pafupi, hatchi iliyonse ndikuifuna."

"Bwana, ndi mailosi khumi ndi awiri!"

"Ndiye mukuchedweranji?"

Permelia anaika kalatayo pachifuwa, nakwinya siketi yake, nauyamba ulendo. Mvula inali itagwa masana onse ndipo matope ankamuvula nsapato. Anadutsa minda yosiyidwa ndi nyumba zotsala machumuni okhaokha. Ngakhale galu wouwa kunalibe. Nkhondo ya pakati pa Kumpoto ndi Kummwera inali itasesa dera lonselo kawiri, popita ndi pobwera, ndipo amene sanafe anathawa.

Pakati pa usiku anafika pa mtsinje wa Sorrel. Mlatho wake unapsa chaka choyamba cha nkhondo, pongotsala mizati yakuda itaima m'madzi. Kumtunda kwake kunali mitumbira ya asilikali, yopanda maina. Anthu ankawoloka pa bwato lomangidwa ku chingwe, lomwe iye anawolokera dzulo lake.

Bwatolo panalibe.

Anapapasa mumdima napeza chingwe chokha, chodulidwa ndi mpeni. Mtsinje unali utasefukira, ukukokolola mitengo. Analowa m'madzi. M'mawondo... m'chiuno... madzi anamukankha, nagwa, nadzuka dzanja lili pa kalata. Anayesanso chakumunsi, zomwezo. Anakwawira kumtunda, nagwada m'matope, nalira mokweza ngati mwana.

"Elihu! Ndalephera ine, Elihu!"

Achule anasiya kulira. Onse nthawi imodzi. Kunangoti zii.

"Ima pomwepo! Ndani?"

Permelia anauma thupi lonse. Pa mzati woyamba wa mlatho panaima msilikali wandevu, mfuti ili m'manja, jekete lake labuluu litang'ambika paphewa. Sanamve mapazi ake. Kunja kunkazizira moti mpweya wa Permelia unkatuluka ngati utsi. Pakamwa pa munthuyo sipankatuluka kanthu.

"Ndine... ndine mkazi wa Yocum, bambo. Ndikupita kwathu."

"Mwachokera kwa akuluakulu?" Mawu ake ankamveka ngati akuchokera m'chitsime. "Anati tigwire mlathowu mpaka atatumiza mawu. Rudd anapita kukatenga mawuwo. Sanabwerebe. Anyamata atopa, mayi."

Rudd! Permelia anayang'ana uku ndi uku. Anyamata ake ati? Kenaka nkhungu imene inakuta m'mbali mwa mtsinje inang'ambika pang'ono. Kumitumbira kuja kunali anthu. Atakhala pansi. Ambirimbiri. Onse atatembenukira kwa iye, osaphethira...

Miyendo inkafuna kuthawa. Koma athawire kuti, m'mawa ukubwera?

"Ndiwolotseni, bambo, chonde. Akundiphera mwamuna."

"Palibe wowoloka popanda lamulo."

"Ndagwira mwendo wanu!"

"Palibe wowoloka."

Kutali tambala analira koyamba. Permelia anapisa dzanja pachifuwa, natulutsa kalata ija, naikweza m'mwamba.

"Lamulo ndi ili! Lachokera kwa a Meja!"

Msilikaliyo anasendera pafupi. Kunanunkha wonga ndi dothi lonyowa.

"Ndi lathu? Akuti chiyani?"

Permelia sanali munthu wabodza, koma usiku umenewo ananama osaphethira.

"Akuti ntchito yatha. Siyani mlatho, bwererani kwanu."

Munthuyo anatsitsa mfuti pang'onopang'ono. Kumbuyo kwake kunamveka kuusa moyo kwa anthu ambiri, ngati mphepo yodutsa m'mapesi a chimanga.

"Kwathu," anatero. "Tiyeni, mayi. Pondani pomwe ndikuponda."

Anatsogola chakumunsi, kupyola mitengo iwiri yopendekera, nalowa mumtsinje. Permelia anatsatira. Pansi panali miyala yoyalana imene iye, wobadwira konko, sankaidziwa. Madzi ankamumenya m'chiuno, koma pa msilikaliyo ankangodutsa, osachita thovu, osapatuka. Pakati pa mtsinje Permelia anaterereka. Dzanja linamugwira pamkono. Kuzizira kwake! Kunalowa mpaka m'fupa.

Atapondako tsidya lina, mawu anamveka pakhutu pake penipeni.

"Mukamuuze Rudd kuti Absalom Teague sanasunthe."

Anacheuka. Madzi okhaokha.

Anathamanga. Nsapato imodzi inatsala m'matope, osaibwerera. Minga inamung'amba, mpweya unamuthera, kum'mawa kunayamba kufiira. Akulowa m'tauni anamva ng'oma. Kuseri kwa chigayo asilikali asanu ndi mmodzi anali ataima pamzere, ndipo Elihu anali atakhala pa bokosi lake lomwe la maliro, maso atamangidwa nsalu.

"Dikirani! Kalata! Kalata ya a Meja!"

Anagwa pamapazi pa Kaputeni Rudd, munthu wowonda, waimvi asanakalambe. Rudd anawerenga kawiri, nakodola asilikali kuti amasule mkaidi. Elihu anagwera m'manja mwa mkazi wake.

"Koma mayi, mwawoloka bwanji?" anafunsa Rudd. "Chingwe cha bwato tinachidula dzulo madzulo kuti adani asadutse."

"Wandiwolotsa msilikali wanu wa pamlatho. Wati ndikuuzeni kuti Absalom Teague sanasunthe."

Kalata inagwa m'manja mwa Kaputeni. Nkhope yake inachita phulusa. Anakhala pansi pa bokosi lija, pomwe panali Elihu.

"Teague anafa zaka zitatu zapitazo," anatero motsitsa. "Iye ndi anthu makumi anayi. Ine ndinapita kwa akuluakulu kukatenga lamulo, anandipatsa. Pobwerera ndinamva mizinga ikulira kumlathoko... ndinatembenuza hatchi. Iwo anadikira mpaka womaliza anafa." "Nanga wakulolani bwanji? Teague sankalola munthu popanda lamulo."

"Ndinamunamiza, bwana. Ndinati a Meja akuti ntchito yatha, asiye mlatho, abwerere kwawo."

Rudd anaphimba nkhope ndi manja onse awiri, mapewa akugwedezeka, asilikali ake akuonerera.

"Simunaname, mayi," anatero. "Mawu amene anandipatsa tsiku lija ndi omwewo."