Ba Chipata

Tinenenji Njobvu anachoka mochedwa kunyumba yosungira okalamba ku Twapia, m'dera la migodi. Maminibasi anali atasiya kuyenda, koma sanadandaule. Anakoleka kamera paphewa nkuyamba wapansi kupita kwawo ku Lubuto, akung'ung'udza nyimbo ya kutchalitchi.

Mtima unali m'malo. Kwa zaka khumi ankajambula mafilimu a okalamba otayidwa, ndipo filimu iyi, yonena za anthu amene anatha mphamvu m'migodi nkuiwalika migodiyo itagulitsidwa, inali itatsala pang'ono kutha. Kumapeto ankafuna kulemba maina a onse amene anaikidwa m'manda popanda mbale. Dzina limodzi lokha linamukanika. Ogwira ntchito kunyumbako ankangokumbukira kuti munthuyo anali "Ba Chipata". Izi zinkamuwawa, chifukwa limenelo si dzina la munthu koma la tauni.

Atayandikira kumanda anasiya kuimba. Magetsi a mumsewu anafa kalekale. Kumbuyo kunamveka nsapato zolemera. Gu... gu... gu...

Anaima. Nazonso zinaima.

Anacheuka. Kuwala! Nyale ya pachipewa cha mumgodi, ndipo kunsi kwake nkhalamba yowonda.

"Mwabombeni mukwai," anatero Tinenenji, kupereka moni m'Chibemba.

Nkhalambayo inaseka. "Iwe mwana wa kwathu, Chibemba nchachiyani? Tiye ndikuunikire, kuli maenje."

Mantha anayamba kuzizira. Mizukwa yolankhula Chinyanja chokoma chonchi anali asanaimvepo. Anayenda limodzi, nyale ikuwalitsa njira. Pamene mkuluyo ankakonza chipewa, Tinenenji anaona kuti dzanja lamanja linalibe zala ziwiri.

"Kuno wakummawa aliyense amati ngwa ku Chipata," anatero mkuluyo. "Ine ku Chipata ndinangodutsako pa basi. Kwathu ndi ku Katete. Ndine Obadiah Mbewe. Ukalembe bwino, mama."

"Mumakhala kuti, agogo? Ndidzakujambuleni."

"Pompano."

Nyale inazima. Mdima... zii! Tinenenji anaitana kawiri, kenako liwiro, mpaka pakhomo pake osacheuka.

M'mawa anadziseka yekha. Anaganiza kuti anali mlonda wina wothawa kulankhula pa kamera. Anabwerera ku Twapia nkupeza mayi Muriel, amene anaphikira okalambawo kwa zaka zambiri, akuchapa zofunda.

"Ba Muriel, mumawadziwa a Obadiah Mbewe?"

"Awe, kulibe wa dzina ilo kuno."

"Amavala chipewa cha mumgodi. Alibe zala ziwiri dzanja ili."

Mayi Muriel anagwetsa sopo m'madzi.

"Mayo ine! Uyo ni Ba Chipata! Banafa mu 2004. Chipewa chija nine ninabavalika mu bokosi, benze sibafuna kuchisiya."

Tinenenji anakhala pansi pa njerwa. Mumtima anamva chimwemwe chimene anali asanachimvepo pa ntchito yake yonse. Anatulutsa pepala limene analembapo maina aja, nkufufuta "Ba Chipata".

Analemba pang'onopang'ono, monga mkulu uja anamuuzira: Obadiah Mbewe, wa ku Katete.