Kapulana Yofiira pa Phiri la Domwe

Nércio sankajambula maukwati ngati anzake a ku Ulongwe. Iye ankajambula nkhungu ikamatsika phiri la Domwe, minda ya kachewere ndi madzi a m'madambo, n'kuikapo mawu a ndakatulo. M'kanema wake aliyense munkaoneka munthu mmodzi yekha, mayi wofulatira akulowa m'nkhungu. Mayiyo anali mkazi wake Rosália, atavala kapulana yofiira, nsalu imene anamugulira pa ukwati wawo. Ankakondana mosiririka.

Kanema wachinayi ali pakati, Rosália anakhala woyembekezera ndipo miyendo inatupa. Nércio anapempha Elisa, mphunzitsi wofanana msinkhu ndi mkazi wake, kuti aziyenda m'malo mwake. Pofuna kuti oonera asazindikire kusinthako, anatulutsa kapulana ija m'bokosi osauza mwiniwake. Kwa iye inali nkhani ya mtundu wofiira basi. Munthu wodziwa kuwerenga mitambo analephera kuwerenga nkhope ya mkazi wake.

Amayi olawirira kumunda anaona Elisa atavala nsaluyo, ndipo nkhani inafika kwa Rosália itathiridwa kale mchere.

"Nsalu yanga ya ukwati ili m'chiuno mwa yani?" anafunsa mwamuna wake.

"Ndi ntchito chabe, mayi. Nkhope yake sioneka n'komwe."

"Ndiye kuti inu mumangofuna msana? Wanga watopa ndi mwana wanu, mwapeza wina."

"Kwatsala masiku awiri, ndibweza."

Akanabweza tsiku lomwelo. Nsanje inamudya Rosália mpaka chakudya chinaleka kulowa. Chimene chinkamuwawa kwambiri n'chakuti anthu akutali adzaona Elisa n'kumati ndi mkazi wa Nércio.

M'mawa mwake anawatsatira, akukoka miyendo yotupayo. Anapeza Elisa ataima pamwamba pa thanthwe, nsalu ikuuluzika.

"Vulani nsalu yangayo."

"Dikirani, achemwali, nditsike kaye," anatero Elisa.

Rosália sanadikire. Anagwira nsonga ya kapulana n'kukoka ndi ukali wonse. Thanthwe linali lonyowa ndi mame. Elisa anazungulira kamodzi n'kugwera kuphompho, ndipo anamwalira asanafike naye kuchipatala.

Kamera inali ikujambulabe. Ku tribunali, woweruza analamula kuti aonetse zonse za masiku asanu ndi limodzi. Rosália anayang'anitsitsa, akufunafuna kamphindi kamodzi kokha koti kamuikire kumbuyo. Sanakapeze. Elisa ankayenda yekhayekha, ndipo mawu a Nércio ankamveka chapatali: "Pang'onopang'ono, aphunzitsi. Mkazi wanga sathamanga chotero, amaponda mofatsa."

Woweruza anapatsa Rosália zaka zisanu ndi zitatu m'ndende. Mwamuna anabisa kanthu kakang'ono, mkazi anakhulupirira za m'maluwa, ndipo amene analipira ndi moyo ndi mayi wongothandiza. Mwana anabadwa mlonda wa ndende ataima pakhomo. Nércio anabweretsa nsalu yoberekera. Rosália anangopempha kuti isakhale yofiira.