A Haddow Afanso

Lionel Crake anawakankha ndi manja onse awiri, pachifuwa penipeni.

A Wilfred Haddow, bambo wa zaka makumi asanu ndi awiri, anagubuduzika pamasitepe a nyumba yomwe ankachita lendi m'tauni ya Skelby, n'kukamenyetsa mutu pamwendo wa tebulo. Linali Loweruka m'mawa, sabata ya Khirisimasi. Mwininyumba anali atapita kumsika.

Nkhani yake inali iyi. Crake anali katswiri wa pa TV. England yense ankamudziwa ngati dokotala wachifundo wa m'sewero la Lamlungu madzulo, ndipo chaka chimenecho dzina lake ndi lomwe linkadzaza holo ya zisudzo ya Skelby. Lachinayi, kuseri kwa katani, anagwira mosayenera Tamsin Oakes, mtsikana wongoyamba kumene zisudzo. Tamsin atamukankha, Crake anamuwomba mbama. Mtsikanayo anakadandaula. Bwana wa holo anamuyankha mosaphethira: ubweretse mboni Lolemba, apo ayi ndiwe wabodza, ntchito yatha. Mbama ija inamveka mpaka kozimitsira magetsi, koma gulu lonse linasanduka agonthi. Amene anati "ndinaona" anali a Haddow okha, omwe ankasewera nawo m'gululo. N'chifukwa chake Crake anabwera kudzawanyengerera, ndipo atakana, anawakankha.

Ali chigonere pansi, a Haddow anamva nsapato zikutsika. Pang'onopang'ono. Sikunali kutsika kwa munthu wodzathandiza.

A Haddow anadziwa kuti akangobuula, munthu uyu amaliza ntchito. Mwayi wake, m'zaka zawo zonse za pa siteji ndi pa TV sanapatsidweko gawo lalikulu. Ntchito yawo inali kufa. Anawomberedwapo, anamwetsedwapo poizoni, anavuulidwapo mumtsinje, anagonapo patebulo lozizira akatswiri akulankhulira pamwamba pawo. Ndiye anagwira ntchito yawo. Anamasula chibwano. Anaimika maso pakadontho kena ka pakhoma. Anatseka mpweya.

Crake anagwada. Anaika dzanja pamphuno pawo. Kenako ananyamula mkono wawo wamanzere, umene unathyoka pogwa paja, n'kuutaya pansi. Ululu unalasa mpaka m'mano. A Haddow sanaphethire.

"Pepa mdala," anatero Crake. "Kufa unali utazolowera kale."

Anavula silipasi imodzi kuphazi lawo, anakaiika pasitepe ya pamwamba, n'kutulukira khomo la kuseri.

A Haddow anadikira kuti geti lilire. Kenako anakwawa kukafika pa foni.

Kuchipatala anawasoka mutu, mkono anaumanga. Masana asanakwane panafika wapolisi, Sajeni Dilys Garbutt, mayi wamfupi wa nkhope yosaseka.

"Ndiye mukuti a Crake? Adokotala a pa TV aja?"

"Yemweyo."

"Mayi anga amawakonda koopsa."

"Mayi wa aliyense amamukonda. Vuto lake ndi limenelo."

"Alipo anawaona akulowa kwanu?"

"Palibe."

"Ndiye bambo, ndi mawu anu ndi mawu awo. Loya wawo adzangoti nkhalamba yapunthwa pa silipasi, yamenyetsa mutu, yayamba kulota."

A Haddow anadzuka pabedi, nesi n'kukuwa. "Ndiye mwana uja achotsedwe ntchito, ine ndithyoke mkono, iyeyo azikalandira maluwa?"

"Gonani pansi. Sindinatero ayi. Ndikuti ndipatseni pogwira."

A Haddow anagona, maso ali kudenga. Kenako anafunsa, "Ndani akudziwa kuti ndili moyo?"

"Ine, a ambulansi ndi manesi."

"Imbani foni kuholo. Muwauze mawu awa okha: a Haddow sabwera, apolisi afika sewero likatha. Za masitepe musatchule. Za imfa musatchule."

"Kenako?"

"Kwathu kuzisudzo, mnzathu akamwalira, wamkulu wa sewero amaima kutsogolo pomaliza n'kulankhula mawu a chisoni. Lionel sangapirire, mayi sajeni. Munthu uja akaona holo yodzaza ndi mpata wolira, akhoza kulira ngakhale maliro a mphaka wa eni."

Sajeni Garbutt anaimirira. "Zikakanika, ndikubwezerani pabedi pomwepa ndekha."

"Zikakanika mudzandimangirire pabedipo."

Sewero la masana linali la ana, la Khirisimasi, la nyimbo ndi phokoso. Sajeni anakhala kumpando wa kumbuyo atavala chijasi wamba. A Haddow anadikira m'galimoto ya polisi mpaka nyimbo yomaliza, pomwe wapolisi wina anawalowetsa pakhomo la osewera n'kuwaimika mumdima, kuseri kwa mitengo yojambula. Kuchokera pamenepo ankaona misana ya gulu lonse likuwerama, anthu akuwomba m'manja. Tamsin anali kumapeto kwa mzere. Mapewa ake anali atagwa. Mboni yake imodzi yokhayo sinabwere.

Mtima wa a Haddow unkagunda m'mabala onse. Bwanji ngati Lionel wachenjera lero lokha? Bwanji akangowerama n'kutuluka?

Crake anawerama. Anawerama kachiwiri. Kenako anatuluka mumzere n'kukweza dzanja.

"Ana anga, makolo, dikirani pang'ono."

Anthu anasiya kuwomba m'manja.

"Lero tasewera mitima ikukha magazi. Mnzathu wokondedwa, mchimwene wanga, Wilfred Haddow, watisiya m'mawa uno." Anaima, anameza malovu, anagwira pamtima. "Wagwa pamasitepe kunyumba kwake, ali yekhayekha. Kasilipasi chabe. Kasilipasi kamodzi katilanda munthu wamkulu."

Misozi inatsika bwinobwino, tsaya lililonse wake. Tamsin anagwira pakamwa. Amayi ena m'holomo anayamba kufwenthera.

Apo a Haddow anatuluka m'mitengo muja. Mutu uli m'bandeji, mkono uli m'nsalu yokoloweka pakhosi, anayenda mwakachetechete kulunjika msana wa Crake. Osewera anzawo anapatuka ngati aona mzukwa.

Ana a ku England amaidziwa ntchito yawo pa masewero a Khirisimasi: chinthu chikamazembera munthu pa siteji, amakuwa. Kamtsikana kena kumpando wa kutsogolo kanaimirira.

"Ali kumbuyo kwanu!"

"Mwanawe, ino si nthawi ya masewera," anatero Crake, akupukuta misozi.

Holo yonse inaphulika. "Ali kumbuyo kwanuuu!"

Crake anatembenuka.

"Pitiriza, Lionel," anatero a Haddow. "Pa kasilipasi paja wandigwira mtima."

Nkhope ya Crake inayera ngati pepala. Anabwerera m'mbuyo. "Iwe... ayi! Sunkapuma iwe! Ndinaika dzanja ndekha, sunkapuma!"

Kamaikolofoni kanali kadakali patsaya pake. Mawu aja anafika mpaka kumipando ya kumwamba.

Sajeni Garbutt anali atakwera kale pa siteji. "A Crake, holo ino tinangoiuza kuti a Haddow sabwera. Za masitepe mwazimva kwa yani? Za silipasi? Nanga dzanjalo munaliika nthawi yanji?"

"Mayi, kodi mukudziwa kuti ndine ndani?"

"Skelby yense wadziwa lero. Manja kuno."

Unyolo unati khwatsa. Ana anachita zomwe amachitira munthu woipa m'sewero: anamukuwiza, mapazi akupondaponda pansi, mpaka wapolisi anamutulutsa.

Tamsin anathamanga kudzawakumbatira.

"Mkono, mwanawe, mkono!"

"Agogo inu, mwandiliza zenizeni! Ndikanakuphani ndekha!"

"Ukaime pamzere. Alipo kale ambiri."

Bwana wa holo anatulukira akutuluka thukuta, akukodola kuti katani itsekedwe msanga. A Haddow anakweza dzanja lawo labwino.

"Isiyeni katani. Abwana, munkafuna mboni Lolemba. Ndafulumira." Anatembenukira kwa anthu, mawu awo n'kudzaza holo popanda maikolofoni. "Lachinayi, kuseri kuno, Lionel Crake anagwira mtsikana uyu, atakana anamumenya mbama. Ndinaona ndi maso angawa. Mtsikanayu sananame."

Kenako mayi wosamalira zovala anatulukira m'mbali. "Inenso ndinaona."

"Nanenso," anatero woimba piyano.

Manja anayamba kukwera mumzere monse, limodzi, lina, lina. Tamsin anawayang'ana onsewo, misozi ili m'masaya.

"Lero muli ndi maso? Lachinayi munali kuti, amantha inu?"

Palibe anatsitsa dzanja.

Mlandu utafika kukhoti, atsikana ena anayi ochokera m'maholo ena anabwera kudzanena zawo. Woweruza anamupeza Crake wolakwa pa mlandu wofuna kupha ndi wozunza akazi, n'kumupatsa zaka khumi ndi ziwiri. Polowa m'galimoto ya ndende analiranso, koma kunalibe woti awombe m'manja.

Za Lolemba lija, msonkhano unachitikadi, ndipo munthu mmodzi anachotsedwadi ntchito. Tamsin anamuona pawindo la chipinda chovalira, akudzipaka zodzoladzola za sewero la madzulo: bwana wa holo akutsika masitepe a kutsogolo, katoni ya katundu wake ili m'manja.