Ndisakufuna

Otilia anakulira kwa Chapananga, dziko la mbuzi ndi mapira, kumene miyezi yambiri munthu amawoloka mtsinje osanyowa phazi. Tsiku limene anapita kukakhala ndi azakhali ake, a Jesinta, kwa Mlolo, atauona mtsinje wa Shire anangoima padooko ndi mantha.

Wopalasa bwato anali mnyamata wamtali, dzina lake Sebastiano. Anathawa nkhondo ku Mozambique, ndipo chimene anapulumuka nacho ndi nkhafi yokha ya malemu bambo ake. Ataona mantha a mtsikanayo, anamutambasulira dzanja.

"Kwerani, achemwali. Ng'ona za pano zimadya oipa nkhope okha."

"Nanga inu zakusiyani bwanji?" anayankha Otilia.

Amayi amene anali m'bwatomo anafa nacho chiseko, koma woseka kwambiri anali Sebastiano yemwe.

Kuyambira pamenepo, Otilia akamapita kumsika wa kutsidya ndi mbatata za azakhali, sankakwera bwato lina. Sebastiano ankamutcha kambuzi ka kumtunda, chifukwa chogwiritsa m'mphepete mwa bwato ngati mbuzi yoopa madzi. Iye ankamubwezera kuti Mvuu. Tsiku lina atatsika anthu onse, mnyamatayo anayang'ana pansi, nkhafi ili m'manja, nanena chapansipansi:

"Otilia, ndisakufuna."

Otilia anaganiza kuti wakanidwa. Ngati sankamufuna, nanga kumuseketsa konse kuja kunali kwa chiyani? Anasenza dengu lake osatsanzika, nakafika kunyumba maso ali psuu. A Jesinta atamva nkhaniyo anaseka mpaka kukhala pansi.

"Mwanawe, ukhala kuno osadziwa Chisena? Ka 'sa' kameneko si kokana ayi. Wakuuza kuti amakukonda."

M'mawa mwake Otilia anafika padooko anthu asanachuluke. Anangoti, "Mvuu, mawu adzulo aja unenenso."

Chikondi chawo chinakula anthu onse akuona. Sebastiano ankamusungira nsomba yonona kwambiri, ndipo analonjeza kuti chimanga cha kudimba chikacha adzatumiza akuluakulu kwa azakhali. "Kwathu kunapsa, njiwa yanga," ankatero. "Kwathu tsopano ndi kumene uli iwe."

Koma masiku amenewo chipani chinali chimodzi, ndipo chikaitana panalibe woti ndatanganidwa. Amayi a m'mudzimo anauzidwa kuti akavine kumsonkhano wa kutsidya, aliyense atavala nsalu yokhala ndi nkhope ya mtsogoleri wa dziko. Kumudziko nsaluyo inkaopedwa. Sankaikhalira, sankapukutira thukuta, ngakhale poichapa ankaifinya mwaulemu.

Pobwerera, dzuwa litapendeka, bwato la Sebastiano linagunda chitsa chobisika pakati pa mtsinje. Pansi panang'aluka, madzi n'kuyamba kulowa. Opalasa amamata mng'alu ndi sanza, koma sanza zake zinali zitatha. Anavula malaya n'kutsekapo, koma sanakwanire. Amayi ankakapa madzi ndi manja, makanda akulira kumsana, gombe likadali kutali.

Otilia sanaganize kawiri. Analuma nsalu yake, naing'amba, napereka chidutswa. Sebastiano anachikhomera mumng'alumo ndi mpeni, ndipo madzi analeka.

Atafika kumtunda panalibe woimba kapena wothokoza mokweza. A Jesinta anayang'ana amayi anzawo mmodzimmodzi nati palibe waona kanthu, ndipo onse anagwedeza mitu. Otilia anamukokera Sebastiano pambali, namuchonderera kuti achotse chidutswacho lisanalowe dzuwa, akachitenthe.

"Ndichotsa, kambuzi kanga, usade nkhawa," anatero akumwetulira. "Komatu bwato lavala nsalu yako, silidzamiranso."

Iye anaona nsalu ya wokondedwa wake. Za nkhope ija sanazione kulemera.

Patapita masiku ochepa, a Geresomo anakwera bwato lomwelo. Iwowa anali mkulu wa achinyamata a chipani, ochokera kumtunda kwa dziko, ndipo kuchigwa anali asanakhalitse, Chisena osachidziwa. Ali pakati pa mtsinje anawerama kuti akonze nsapato. Pansi, pakati pa matope ndi mamba a nsomba, panali diso likuwayang'ana. Analidziwa diso limenelo: linali la mtsogoleri, pa chidutswa chija.

Madzulo ake mudzi wonse unaitanidwa pansi pa mtengo wa padooko. Amayi analamulidwa kubwera ndi nsalu zawo ndi kuzitambasula. Ya Otilia inali yoperewera. Sebastiano anali atakhala pansi, manja omangidwa ndi chingwe cha bwato lake lomwe.

Otilia anatsegula pakamwa, koma a Jesinta anamutsina pamkono mpaka kuwawa. Asanapeze mawu, Sebastiano anayankhula. Anati nsaluyo anaipeza itayanikidwa pa bango, naing'amba yekha mwini wake osadziwa. Anati iye ndi mlendo, malamulo akuno sawadziwa.

A Geresomo sanakhutire. Anati amva kuti awiriwa ndi chibwenzi, ndipo ngati zili choncho mlanduwo ndi wa onse, galimoto imene yabwera kudzatenga wolakwa ili ndi malo.

"Tiuze pamaso pa anthuwa. Mtsikanayu ndi ndani wako?"

Sebastiano anadzutsa mutu. Sanayang'ane a Geresomo. Anayang'ana Otilia, nanena momveka bwino kuti aliyense amve:

"Mkaziyu ndisamfuna. Lero, mawa, mpaka kufa, ndisamfuna."

A Geresomo anaseka. "Mwamva? Akuti samufuna. Amuna othawa kwawo ndi otero, moto ukafika amataya ndi mkazi yemwe."

Pabwalopo panali anthu ambiri, ndipo kupatula a Geresomo panalibe amene sanamve zimene zanenedwa. Asodzi anamva. Amayi ovina anamva. Ngakhale anyamata a chipani amene anagwira chingwe, ana obadwira m'mudzi momwemo, anamva. Mmodzi anayang'ana kumtsinje, wina anakanda pansi ndi chala cha kuphazi. Palibe anatanthauzira.

"Iwe mtsikana, wamva mmene wakukanira?"

Otilia akanati chiyani? Liwu limodzi lokha lachifundo likanawakweza onse awiri m'galimoto, bodza la Sebastiano n'kupita pachabe.

"Ndamva, bambo," anatero.

"Ndiye pita. Ukapeze nsalu ina, Loweruka kuli gule."

Galimoto inanyamuka ndi Sebastiano, fumbi lili koboo. Otilia sanaloledwe kuithamangira, ngakhale kulira kumene, pakuti mkazi wokanidwa pagulu angalirire chiyani munthu wonyoza chipani? Analirira m'nyumba, nkhope ataikwirira pamiyendo ya azakhali ake, iwo akumusisita msana.

Loweruka Otilia anavina. Anamwetulira pamene anauzidwa kumwetulira, naimba mokweza ngati anzake onse.

Chimanga cha kudimba chinacha, anthu n'kukolola. Ena ankati Sebastiano ali kundende, ena ankati anakamutaya kumalire, kumene nkhondo inali ikadali mkati. A Jesinta anayesa kufunsa kuboma, koma anauzidwa kuti munthu wofunsa za anthu otere amakhala ndi chifukwa. Sanapitenso.

Bwato lija analikokera kumtunda, ndipo panalibe wolimba mtima kulikwera. Linang'aluka ndi dzuwa, mbuzi n'kumagona mumthunzi wake. Nkhafi yokha ndi imene msodzi wina anaibweretsa mwakachetechete, naiimika kuseri kwa chitseko cha a Jesinta.

Tsiku lina a Geresomo anakumana ndi Otilia padooko, dengu la mbatata lili pamutu. Anamulankhula mokoma, ngati munthu womumvera chisoni. Anati aiwale, ndi mwana, amuna ndi ambiri, asamawonde chifukwa cha munthu amene ananena yekha pamaso pa mudzi wonse mmene ankamuonera.

"Zoona, bambo," anayankha Otilia. "Ananena yekha. Sindidzaiwala."

Anakwera bwato la munthu wina, nagwiritsa m'mphepete monga kale. Atafika pakati pa mtsinje, pamalo pa chitsa chija, anawerama ngati akufuna kusamba m'manja.

"Mvuu," ananong'ona. "Inenso ndisakufuna."

Amayi amene anakhala naye pafupi anamva. Anangoyang'ana kutsidya.