Nkhope ya Elina pa Khoma

Elina anakumana ndi Nkole pa siteshoni ya minibasi ku Chawama, chaka chimene fakitale ya mabulangete yomwe ankagwirako ntchito inatsekedwa, iye n'kuyamba kugulitsa vitumbuwa. Mnyamatayo anafika ndi kamera yakale m'khosi.

"Ba sisi, ine nipanga mafilimu yafupi, ya mafunso. Mau yakachoka pakamwa yamayenda kuti? Nifuna nkhope yanu chabe. Imwe osakamba, nizikamba ine."

Elina anaseka. Filimu yopanda ndewu, yopanda nyimbo, angaonere ndani? Koma analola.

Loweruka lililonse Nkole ankamukhazika kuseri kwa tchalitchi, n'kuyatsa kamera. "Elina, dzuwa langa, nikakuona njala imasila. Nizakukwatila olo unga wa nsima udule bwanji." Mwana wa eni ake anasungunuka ngati majarini. Abale, ndani sakanatero?

Kenako Nkole anangoti zii. Masabata asanu! Minibasi ikaima, Elina khosi m'mwamba. Vitumbuwa vinapserera kawiri, mpaka amayi ake anafunsa, iye n'kuulula zonse. Elina anamusowa Nkole zoopsa.

"Wamtima wanga, nakuyewa. Uli kuti?" analemba pa foni.

"Malaiti yavuta, nikali kulumikiza filimu. Bwela pa Sondo masana ku Kalingalinga, uzazione."

Anapita atavala diresi lake labwino. Mu holo yoonetsera filimuyo jenereta inkalira, nsalu yoyera ili pakhoma. Nkhope yake inatulukira, ikumwetulira, misozi ili lengelenge. Mtima unagunda!

Kenako panabwera nkhope ya mtsikana wina. Kenako ina. Asanu ndi awiri! Mawu a Nkole ali omwewo, njala yomweyo, unga womwewo.

Anthu anaomba m'manja. Nkole anaimirira monyada. "Mau ni yamodzi, koma aliyense anamvela vake. Nanga chikondi chili mu mau, olo mu womvela?"

Panja, Elina anamugwira malaya.

"Nkole, pa ise tonse, unauza ndani zoona?"

"Elina, ndiye funso ya filimu iyo."

"Ine sindine funso! Ba mami basunga nkhuku, bakuyembekezela."

Nkole anayang'ana pansi.

Mu minibasi Elina analira osabisa. Akawauza chiyani amayi ake? Pa Kafue Rodi foni inanjenjemera m'chikwama, ndipo mtima wake wopusawo unadumphabe, kuyesa ndi Nkole.