Dzina la Ketut Silikupita

Ketut ankakhala pachilumba cha Bali. Anali mwana wachinayi pakhomo pawo. Dzina lake ankalikonda kwambiri.

Kumeneko dzina limatsata kubadwa. Woyamba ndi Wayan. Wachiwiri ndi Made. Wachitatu ndi Nyoman. Wachinayi ndi Ketut.

Tsiku lina kunyumba kunabadwa mwana wamkazi. Ketut anavina. Anavina mpaka thukuta!

Kenako kunabwera Nyoman, mchimwene wake. Nyoman ameneyu, kuvuta! M'manja anali ndi foni ya bambo.

"Iwe, taona," anatero Nyoman. "Foni ikuti Ketut ndiye kuti mwana womaliza. Womaliza tsopano ndi khandali. Dzina lako lapita!"

"Bodza!" anatero Ketut.

"Foni sinama," anatero Nyoman.

Ketut anasiya kuvina. Mtima unamuwawa. Mpunga sanadye. Kodi mawa adzamuitana ndani?

Ndiye anakumbukira amalume ake. Nawonso dzina lawo ndi Ketut. Anathamangira kumunda wa mpunga. Anawapeza akukusa abakha.

"Amalume, kodi inu ndinu omaliza kwanu?"

Amalume anaseka. "Ine? Ayi! Amayi ako anabadwa pambuyo panga."

"Nanga sanakulandeni dzina?"

"Andilande ndani? Ndakalamba nalo ili! Tandiuza, amayi ako dzina lawo ndani?"

Ketut anaganiza. Anaganizanso.

"Wayan!" anakuwa. "Koma Wayan si woyamba?"

"Wayan ndi woyamba, komanso wachisanu," anatero amalume. "Mayina akatha, timayambiranso."

Ketut anathamanga kubwerera. Abakha anabalalika, kwe kwe kwe!

Kunyumba anapeza amayi atanyamula khanda. Anafunsa ali wefuwefu.

"Amayi, mwanayu ndi Wayan, eti?"

"Eya, ndi Wayan wamng'ono," anatero amayi.

"Nanga ine?"

"Iwe ndiwe Ketut wanga. Lero, mawa, mpaka imvi."

Ketut anayang'ana Nyoman. "Achimwene, foni ija ili ndi amalume?"

"Ilibe," anatero Nyoman, akukanda mutu.

"Ndiye chifukwa chake siidziwa!"

Onse anaseka. Nyoman nayenso anaseka.

Ketut anakhala pamphasa. Amayi anamuikira khanda pamiyendo. Khanda linagwira chala chake.

"Moni, Wayan," ananong'ona. "Ine ndine Ketut, mkulu wako. Ukafuna kudziwa kanthu, uzifunsa ine."